Sitalaka ya ku Homestead ya 1892: yuniyoni inaphedwa ndi mfuti za antchito kapena inali itadwala kale?

Wowotcherera_Kanengo

Akuluakulu ndithandizeni nzeru. Ine ndimawotcherera zitsulo pakampani ina kuno ku Kanengo (dzina sinditchula, ana adakali pasukulu kkkk) ndipo chaka chatha anzanga anandisankha kuti ndizikawayankhulira kwa mabwana. Nde pano zinthu zathina, malipiro ali pomwepo chigwereni kwacha, magolovesi tikugula tokha, makalata talemba mpaka bolopeni kutha inki koma yankho lake ndi lomwe lija loti tikuunikabe.

Loweruka tinali ndi msonkhano kuseri kwa shedi. Mnyamata wina anaimirira nkunena kuti akulu mapepala atikwana, bwana samva kalata amamva galasi la galimoto yake likasweka, anthu mmanja phwaphwaphwa. Kenako mdala wina wa ku sitolo, munthu wosayankhulayankhula, anangoti "kafufuzeni za Homestead ku America, anamenyana ndi alonda a kampani nkuwagonjetsa, koma yuniyoni inafera pompo mpaka zaka 45." Ine ndinagwedeza mutu ngati ndikudziwa koma kunena zoona dzinalo ndinalimva tsiku lomwelo.

Nde amene mukuidziwa nkhaniyi tandiuzeni, zinakhala bwanji kwenikweni? Ndipo chomwe ndikufunitsitsa kumva nchakuti, kodi yuniyoniyo inafa chifukwa anthu anagwira mfuti, kapena ikanafabe olo akanakhala phee? Ndikufuna ndikakumane nawo anyamatawa ndili ndi kanthu mmutu osati kungoti "mdala uja wanena".

Aphunzitsi_opuma

Achimwene a ku Kanengo, mwandikanda poyabwa. Khalani pansi chifukwa ndi yaitali.

Homestead ndi katauni ka m'mbali mwa mtsinje wa Monongahela, pafupi ndi Pittsburgh m'chigawo cha Pennsylvania. Kunali fakitale yaikulu yosungunula ndi kupanga zitsulo ya Andrew Carnegie, uja wobadwira ku Dunfermline ku Scotland amene anapita ku America ali mwana wosauka nkudzakhala mpondamatiki. Antchito analipo pafupifupi 3,800. Koma apa gwirani bwino chifukwa ndi pamene pagona nkhani: mamembala a yuniyoni, Amalgamated Association of Iron and Steel Workers, anali pafupifupi 800 okha. Inali yuniyoni ya amisiri, aja odziwa kuyang'ana mtundu wa moto nkudziwa kuti chitsulo chapsa. Onyamula, okolezera, osesa, ambiri a iwo obwera kumene kuchokera kum'mawa kwa Ulaya osatha nchingerezi chomwe, amenewo anali kunja. Komabe inali yuniyoni yamphamvu zedi nthawi imeneyo, dziko lonse inali ndi mamembala oposa 24,000 mu 1891.

Mu 1889 anachitapo sitalaka pa Homestead pomwepo nkuwina kontirakiti ya zaka zitatu. Malipiro a amisiri ankayendera mtengo wa chitsulo pamsika, ukakwera nawonso akwera, ukatsika atsika, koma panali malire oti olo mtengo ugwe bwanji iwo aziwerengeredwa ngati tani ili pa $25. Kontirakitiyo imatha pa 30 June 1892. Pofika nthawi imeneyo mtengo wa chitsulo unali utagwa, ndipo woyendetsa kampani anali Henry Clay Frick, munthu wouma mtima amene anali atathana kale ndi masitalaka ku migodi yake ya malasha. Frick anati malire aja atsike afike $22, kenako anakweza pang'ono kufika $23 nkunena kuti basi ndathera pamenepa. Chinanso, amafuna kontirakiti izitha mu December mmalo mwa June. Mukhoza kuona ngati nkhani yaing'ono koma taganizani, kwawoko December ndi chisanu choti madzi amaundana, ndani anganyanyale ntchito ana akunjenjemera mnyumba mulibe malasha? Munthuyo ankadziwa chomwe akuchita.

Zokambirana zisanathe nkomwe iye anali atayamba kale kumanga mpanda wa matabwa kuzungulira fakitale, pafupifupi makilomita 5, wautali kuposa mamita atatu, pamwamba waya waminga, mmatabwamo tizibowo toti mfuti nkulowa. Anthu anaupatsa dzina loti Fort Frick. Kumapeto kwa June anayamba kutseka zigawo za fakitale nkuwatsekera kunja antchito. Nde tikamati sitalaka tizidziwa kuti woyamba kutseka geti anali bwana. Chomwe Frick sanayembekezere nchakuti aja 3,000 osakhala mamembala, omwe ambiri kudulidwa kwa malipiroku sikumawakhudza nkomwe, anagwirizana ndi amisiri. Anapanga komiti, wapampando Hugh O'Donnell, ndipo meya wa tauniyo John McLuckie nayenso anali wantchito wa mufakitale momwemo. Anagawana malo olondera, misewu, siteshoni ya sitima, mtsinje, mlendo aliyense kumufunsa kuti ukufuna chani. Nduna za sherifu, mkulu wa apolisi a deralo, zitabwera anaziperekeza bwinobwino nkuzikweza boti kubwerera ku Pittsburgh.

Frick anali atalemba kale ganyu kampani ya alonda a mfuti ya Pinkerton. Amuna 300, otoledwa ku Chicago ndi New York, ena mwa iwo anyamata ongofuna ganyu osadziwa nkomwe komwe akupita. Anawalonga mmabwato awiri akuluakulu onyamulira katundu, aja opanda injini ochita kukokedwa, nkuwadutsitsa pamtsinje usiku kuti akatsikire kuseri kwa mpanda anthu ali mtulo. Koma olondera anawaona. Kusanache pa 6 July wezulo ya fakitale ya magetsi inalira, tauni yonse dzambatu, amuna, amayi, ana, kuthamangira kudooko, mpanda uja anaugumula nkulowa. A Pinkerton atayala thabwa loti atsikirepo mfuti inalira, mpaka lero anthu amakangana kuti inayamba mbali iti. Mtsogoleri wawo Frederick Heinde anagwa atavulazidwa, a Pinkerton nawo anathira zipolopolo mchigulu cha anthu.

Kaboti kokoka kaja, Little Bill, kananyamula ovulala nkuchoka, nde mabwato awiri aja anangotsala pagombe ngati misampha, amuna mazana ali mkati, dzuwa la July likuswa mtengo. Antchito anabisala kuseri kwa milu ya zitsulo nkumaombera. Anabweretsa mzinga, ndipo mzinga womwewo unapha mnzawo, Silas Wain. Anaponya dayinamaiti. Anathira mafuta pamtsinje kuti ayatse, sizinayake bwino. Anakankhira ngolo yoyaka moto panjanji kulunjika kumabwatoko, inaima isanafike. A Pinkerton akakweza kansalu koyera anthu ankakaombera. Cha mma 5 madzulo anagonja atalonjezedwa kuti sawapweteka. Nambala ya akufa yomwe imatchulidwa kwambiri ndi antchito 7 ndi a Pinkerton atatu.

Tsono apa ndi pomwe zinaipira. Powatulutsa anawadutsitsa pakati pa khamu lolusa, mtunda ndithu, ndipo anthu anawakuntha ndi zibonga, miyala, maambulera, amayi ndi amene analusa kwambiri poti amuna awo ndi omwe anali atagona pansi. O'Donnell ndi anzake anayesa kuletsa koma zinakanika. Atolankhani anali pompo akuonerera. Mmawa mwake nyuzi zomwe dzulo lake zimamvera chisoni antchito zinayamba kulemba za chipwirikiti cha anthu olusa.

Bwanamkubwa wa Pennsylvania, Robert Pattison, anayamba wazengereza kenako anatumiza asilikali a chigawo 8,500. Anafika pa 12 July. Chomvetsa chisoni nchakuti antchito anakonza zowalandira ndi bandi, ankaganiza kuti asilikali a boma ndi anzawo osati ngati aganyu a Pinkerton. Mkulu wa asilikaliwo General George Snowden anakana zonsezo nkuwauza kuti komiti yanuyo ine sindikuidziwa. Patangopita masiku ochepa utsi unayambanso kutuluka mufakitale, mkati muli antchito atsopano ogona momwemo, akulonderedwa ndi boma.

Ndipume kaye, zala zatopa.

Kamdidi265

Aphunzitsi mwafotokoza bwino koma mukuoneka ngati mukukankhira mlandu kwa antchito. Munthu wakutsekera kunja, wamanga mpanda wa zibowo za mfuti, wakutumizira zigawenga 300 usiku, iwe uzitani? uwalandire ndi thobwa? Akanakhala phee a Pinkerton akanalowa, mawa lake olowa mmalo mwa onyanyala akanalowanso, sitalaka ikanatha sabata imodzi. Bola anamenyako. Ndipo mwasiya nkhani ya uja anakabaya Frick muofesi, ine ndimamva kuti chimene chinaononga zinthu ndi chimenecho osati za kumtsinje.

Komanso Carnegie yo anali kuti nthawi yonseyi? Mesa amatchuka kuti anali munthu wabwino womanga malaibulale?

Aphunzitsi_opuma

Amwene Kamdidi sindikuwaweruza ayi, ine ndikanakhalapo mwina nanenso mwala ndikanatola. Ndikungonena mmene zinatsatirana.

Za kubayidwazo. Pa 23 July mnyamata wina, Alexander Berkman, wa gulu lija losafuna boma lililonse, bwenzi lake la Emma Goldman, mayi wotchuka wa gulu lomwelo, analowa muofesi ya Frick ku Pittsburgh nkumuombera kawiri pakhosi kenako kumubaya ndi chitsulo chosongoka. Berkman sanali wantchito wa zitsulo, sanali wa yuniyoni, ku Homestead samamudziwa. Frick sanafe. Adokotala anamuchotsa zipolopolo ali muofesi momwemo, iye nkumaliza ntchito ya tsikulo asanapite kunyumba. Nde tangoganizani, munthu amene dziko lonse limamuda mwadzidzidzi wasanduka ngwazi yolimba mtima. Berkman anamugamula zaka 22, anakhalamo 14. Panalinso kansilikali kena, Iams, kanafuula mokondwera katamva kuti Frick waomberedwa, anakapachika ndi zala zamanthu, kukameta mbali imodzi ya mutu nkukathamangitsa. Zimenezo zinathandiza kuipitsa mbiri ya sitalaka, ndikuvomera. Koma onani madeti. Asilikali anafika pa 12, Berkman pa 23. Pomwe amalowa muofesimo fakitale inali itayamba kale kufuka utsi.

Carnegie anali kwawo ku Scotland, kutchire kwenikweni ku Rannoch komwe atolankhani amavutika kumupeza. Munthu ameneyu mu 1886 analemba mmagazini kuti antchito ali ndi ufulu wopanga mabungwe, mpaka ananena kuti pakati pa antchito pali lamulo losalembedwa loti usatenge ntchito ya mnzako. Koma asananyamuke anamusiyira Frick mphamvu zonse ndipo anali atagwirizana kuti yuniyoni ichoke pa Homestead. Frick anali chikwanje chabe, dzanja linali ku Scotland. Zitatha Frick anamutumizira uthenga woti tawaphunzitsa phunziro lomwe sadzaiwala, Carnegie nkuyankha kuti moyo wayambanso kukoma. Pambuyo pake ndi pomwe anayamba kumadandaula pagulu kuti za Homestead zimamupweteka mtima.

Tsono funso la achimwene a ku Kanengo. Ine ndimaona kuti zinapha yuniyoni ndi zinthu zomwe sizimveka phokoso. Choyamba makhoti. Kampani inasumira atsogoleri milandu yakupha, yachipolowe, yochita chiwembu, mpaka mkulu wa majaji a Pennsylvania Edward Paxson anachita kulowererapo yekha kuti a komiti aimbidwe mlandu woukira boma. Pa milandu yakupha ndi youkirayo palibe anapezeka wolakwa, koma cholinga chinali chitakwaniritsidwa kale, atsogoleri ali mchitokosi kapena akubisala, ndalama zomwe zikanagula ufa zikuthera belo ndi maloya. Wina yemwe anamangidwadi ndi Hugh Dempsey wa bungwe lina la antchito la Knights of Labor, pa mlandu woti anakonza zothira mankhwala mchakudya cha olowa mmalo, zaka 7.

Chachiwiri makina. Mphamvu ya mmisiri inali yoti palibe wina angagwire ntchito yake. Koma Carnegie anali atathira ndalama zambiri mu ng'anjo zamakono ndi makina onyamulira, moti munthu wophunzitsidwa miyezi yochepa amatha kutulutsa chitsulo, olo chikhale chosaoneka bwino poyamba. Inu a ku Kanengo mukudziwa bwino kuposa ine kusiyana kwa munthu wodziwa kuwotcherera ndi wongogwira makina oseteredwa kale. Frick anazindikira kuti amisiri 800 aja sakumugwiranso pakhosi ngati kale.

Chachitatu ndi chija ndinati mugwire. Yuniyoni inali ya kagulu. Akuda ambiri inkawakana kapena kuwasala, nde kampani itapita kukatola antchito akuda, ena ochokera kumwera, inu mukuganiza akanakaniranji? Pazifukwa ziti? Mu November kunabuka zipolowe mtauni pakati pa onyanyala ndi antchito akudawo. Bwana ali phee kuonerera.

Asilikali anachoka mu October, chisanu chikuyandikira, ndalama zatha. Antchito wamba anayamba kupempha kuti awamasule abwerere. Pa 20 November 1892 mamembala omwe anatsala anavota, 101 kwa 91, kuti sitalaka yatha. Mwa anthu 800 aja ovota sanakwane ndi 200 omwe. Ambiri sanalembedwenso, maina awo anazungulira mmafakitale onse kuti asapatsidwe ntchito. McLuckie, meya wathunthu, anakathera ku Mexico.

NaPhiri_PA

Moni nonse. Ine ndimakhala kuno ku Pennsylvania, ndimagwira ntchito yosamalira okalamba, ndipo ku Homestead ndimapitako kukagula zinthu osadziwa kuti ndikuponda pamalo pa nkhondo kkkk. Fakitale inatsekedwa mu 1986, pano pali mashopu, malo odyera, kanema, amati The Waterfront. Chomwe chimadabwitsa ukangofika ndi michumuni 12 ya njerwa italiitali yangoima pamzere pafupi ndi poimika magalimoto, pansi pake palibe kanthu, ng'anjo zake anagumula. Mwana wanga anandifunsa kuti amayi kodi ndi zipilala za manda? Ndinaseka koma pano mmene aphunzitsi afotokozeramu sindikusekanso.

Ukatsetsereka kumtsinje kuli kanyumba ka njerwa komwe kanali kopopera madzi, Pump House, pamenepo ndi pomwe mabwato aja anaima. Ndi kamalo kachete, anthu amadutsapo panjinga. Mtsinjewo siwaukulu moti nkudabwa, munthu wa tsidya lina umamuona bwinobwino, nde ndikaganiza zoti mzinga unkaombera kuchokera tsidya ndimamvetsa kuti kuphonya nkupha mnzako sikunali kovuta.

Laibulale ya Carnegie nayo ilipo pamtunda, chinyumba chokongola, anatsegulira mu 1898, muli holo ya zoimbaimba ndi damu losambira, ikugwirabe ntchito. Gogo wina yemwe ndinkamusamalira, bambo ake ndi agogo ake onse anali a mufakitale, nditamuuza kuti laibulale yanu ija ndi yokongola anangoti mwana wanga, munthu wogwira maola 12 tsiku lililonse buku amawerenga nthawi yanji. Anandifotokozera kuti posinthana mashifiti, kuchoka ya masana kupita ya usiku, munthu ankagwira maola 24 osapuma, pa masabata awiri aliwonse. Pamoto. Ndipo akuti mtauni munali akazitape a kampani moti mawu oti yuniyoni sumawatchula olo kumowa, mawa umapeza ntchito yatha. Gogoyo dzina la Frick amalitchula ngati akulavula.

Aphunzitsi_opuma

Zikomo mayi NaPhiri, zimenezo mmabuku simungazipeze mmene mwazinenera.

Ndimalize mbali ya zotsatira. Amalgamated inachoka pa 24,000 kufika cha mma 10,000 pofika 1894, makampani ena ataona kuti Carnegie zamuyendera nawonso anayamba kukana kusaina. Mu 1901 Carnegie anagulitsa zonse kwa mpondamatiki wa mabanki J. P. Morgan pa $480 miliyoni nkubadwa kampani ya U.S. Steel, yuniyoni inayesa sitalaka chaka chomwecho inagonja, mu 1909 inagonjanso. Mu September 1919 antchito a zitsulo pafupifupi 350,000 ananyanyala dziko lonse, mkulu wa U.S. Steel Elbert Gary anakana ngakhale kukhala nawo pansi, anawanena kuti ndi achikomyunizimu, pofika January 1920 zinatheranso mmadzi. Maola 12 aja anadzathetsedwa mu 1923. Carnegie ndi Frick onse anamwalira mu 1919, atadana koopsa chifukwa cha ndalama.

Phindu lomwe linaoneka msanga ndi la a Pinkerton. Mbiri yawo inanunkha, mu 1893 nyumba ya malamulo inaletsa boma kulemba ganyu a Pinkerton, zigawo zambiri nazo zinaletsa kubweretsa alonda a mfuti ochokera kunja kwa chigawo. Koma mabwana anali ataphunzira kale kuti alonda olipira nchani pomwe asilikali a boma amabwera ulere.

Chomwe chinabwezeretsa yuniyoni ndi zinthu ziwiri, ndipo zonse ndi zija zinasowa mu 1892. Lamulo linasintha, Wagner Act ya 1935 nthawi ya pulezidenti Roosevelt inati bwana akuyenera kukambirana ndi yuniyoni yomwe antchito asankha ndipo asachotse munthu chifukwa cha yuniyoni. Ndipo John L. Lewis wa ku migodi ya malasha ndi anzake a CIO, mgwirizano watsopano wa mayuniyoni, anati tisiye za amisiri okha, aliyense wolowa pageti alowe bungwe limodzi, wakuda, mzungu, wosesa, wa pang'anjo. Anakhazikitsa Steel Workers Organizing Committee mu 1936 pansi pa Philip Murray, ndipo mu July chaka chomwecho anakachititsa msonkhano ku Homestead komweko nkukayendera manda a aja anafa mu 1892. Woyankhula wina pamsonkhanowo anali Thomas Kennedy, wachiwiri kwa bwanamkubwa wa Pennsylvania, yemwenso anali mkulu wa yuniyoni ya mmigodi. Boma lomwe lija linatumiza asilikali 8,500 mu 1892. Pa 2 March 1937 U.S. Steel inasaina popanda ngakhale sitalaka, $5 patsiku, maola 40 pasabata. Zaka 45 zomwe mdala wa ku sitolo amanena ndi zimenezo, anawerenga bwino.

Musaganize kuti magazi anathera pamenepo. Makampani ang'onoang'ono anakana, ndipo pa 30 May 1937 apolisi a ku Chicago anaombera anthu oguba kupita ku fakitale ya Republic Steel, 10 anafa, ambiri zipolopolo zinawalowera kumsana. Amenewo analibe mizinga. Yuniyoni ya United Steelworkers inadzakhazikitsidwa mu 1942, Amalgamated yakale ija nkumezedwa momwemo.

Mjoni_Rustenburg

Ndakhala ndikuwerenga mwakachetechete koma apa ndiyankhuleko. Ine ndili kuno ku Joni chaka cha 15, sindili mumgodi koma ndimakhala ndi a mumgodi, 2012 ndinali konkuno. Mukamakamba za Homestead ine ndikuona Marikana, mgodi wa pulatinamu komwe antchito ananyanyala chaka chimenecho. Sabata isanafike 16 August anthu 10 anali atafa kale, mwa iwo apolisi awiri ndi alonda awiri a kampani, nde tsikulo apolisi anabwera mitima ili kale mmwamba, anthu 34 anagona pansi. Zimayamba choncho, pakangogwa wa yunifomu nkhani ya malipiro imatha, imasanduka nkhani ya boma ndi inu.

Koma aphunzitsi pamenepa nde pomwe chiphunzitso chanu chikundivuta. Ku Marikana anthu sanabwerere chimanjamanja, R12,500 ya pamwezi yomwe amafuna ija sanaipeze nthawi yomweyo koma anakwezeredwa ena mpaka 22 peresenti, ndipo yuniyoni siinafe, inangosintha. Yuniyoni yakale ya mmigodi, NUM, anthu anaithawa poti amati yazolowera kudya ndi mabwana, yuniyoni inzake ya AMCU nkukula, 2014 ananyanyala miyezi isanu. Nde sizoti paliponse pakakhetsedwa magazi yuniyoni imafa. Kuno malamulo oteteza yuniyoni analipo kale ndipo miyala ya pulatinamu sungainyamule kupita nayo kwina, komanso ogwira chibowolero pansi pamgodi sungawatole pamsewu mawa. Mwina nzomwe mukunena zomwezo za makina, kaya.

Za olowa mmalo zija zandikhudza. Kuno amawatchula amagundwane, makoswe, ndipo akakugwira ukupita kuntchito nthawi ya sitalaka Mulungu akuthandize. Ife obwera timakhala pakati, lendi ikufunika, kumudzi akudikira, bwana akuti bwera ndikulipira kawiri, eni dziko akuti ukalowa tikuotcha. Aja akuda a ku Homestead ine sindingawatukwane. Yuniyoni yoti dzulo imakukana lero ikuti usadye chifukwa cha iyo?

Achimwene a ku Kanengo funso langa kwa inu ndi ili, pakampani panupo aganyu a tsiku ndi tsiku alipo angati, ndipo pamsonkhano wa Lowerukawo anaitanidwa?

Kamdidi265

Mjoni wanena zomwe ndimafuna kunena. Komanso kwathu konkuno May 1992 masitalaka anayambira ku fakitale ya nsalu ya David Whitehead ku Blantyre, anthu anafa ambiri mmisewu, koma chaka chotsatira tinavota referendamu ndipo mayuniyoni anadzuka. Nde aphunzitsi musatiopseze ndi Homestead yokha, mbiri ili ndi zitsanzo mbali zonse.

Aphunzitsi_opuma

Sindikukana amwene, ndipo mwandikumbutsa kuti 1892 ndi 1992 zatalikirana zaka 100 ndendende, sindinaganizepo. Koma 1992 dziko lonse linali litatopa, mabishopu anali atatulutsa kale kalata yawo mu March, Chihana ali mndende, opereka thandizo akutseka mipopi. Anthu a mufakitale anali ndi dziko kumbuyo kwawo. A ku Homestead pa 6 July mmawa analinso nalo dziko kumbuyo, pofika pa 23 linali litawachokera. Shedi imodzi ya ku Kanengo ili ndi ndani kumbuyo? Galasi likasweka apolisi a ku Kanengo safuna ndi mphindi 10 zomwe, ndipo woyamba kunyamulidwa ndi amene dzina lake lili pamakalata aja.

Komanso achimwene musanapange chilichonse kafunseni ku ofesi ya zantchito kapena ku MCTU, bungwe la mayuniyoni a m'Malawi, ndondomeko yake ya sitalaka yovomerezeka, pali kukanena mkangano, kuyanjanitsidwa, ndi kupereka chidziwitso. Muwauzenso anyamatawo kuti lamulo linasinthidwa mu 2021, bwana ali ndi mphamvu yodula malipiro mukapyola masiku atatu pachaka mukunyanyala, aliyense alowe akudziwa.

Wowotcherera_Kanengo

Zikomo nonse, ndakopera zonse mufoni. Amwene a ku Rustenburg mwandigwira pakhosi. Olembedwa tilipo 46, aganyu amasinthasintha koma tsiku lililonse sachepera 70, ena akhala zaka zinayi akadali aganyu, ndipo atatu mwa iwo amawotcherera bwino kuposa ine ndisaname. Loweruka sitinawaitane. Palibe anaganizako nkomwe, ena anali pompo akutsitsa mapaipi mulole ife tikukambirana.

Mayi NaPhiri mukadzapitanso kokagula zinthu mutijambulireko michumuni ija ndi kanyumba ka kumtsinje, ndikufuna ndikamuonetse mdala wa ku sitolo, ndikukayika ngati anazionapo.

NaPhiri_PA

Ndili ofu Lachinayi, ndikajambula. Kanyumbako kamakhala kotseka masiku ambiri nde mwina zikhala za kunja zokha.